Kahoot!: wopambana si wa chala chothamanga ayi

Mukakhala ndi gulu la anthu amene mukufuna kuti akhale tcheru kwa theka la ola, kaya ndi ana a sukulu, achinyamata a kumpingo kapena anzanu a kuntchito, Kahoot!, masewera a mafunso a pa intaneti, ndi chida choti muchiyese. Ine ndimaigwiritsa ntchito mbali zonse ziwiri. Kuntchito akatiitanira ku maphunziro ndimakhala wosewera ngati wina aliyense, ndipo Loweruka masana ndimakhala woyendetsa, kufunsa achinyamata a kumpingo kwathu mafunso a Baibulo ndi a mbiri ya dziko lathu. Ndimaikonda, sindibisa. Koma chimene chandilembetsa n'chakuti osewera ambiri amadziluzitsa okha, ndipo oyendetsa ambiri amaikonza m'njira yopondereza anthu amene akudziwadi zinthu. Onsewa vuto lawo ndi limodzi: sanakhalepo pansi n'kuona mmene mapointi amawerengedwera.

Kwa amene simunaionepo, kasewero kake n'kosavuta. Woyendetsa amatsegula mafunso pa laputopu n'kuwaonetsa pa TV kapena pakhoma ndi pulojekita. Pamwamba pamabwera nambala yolowera, ija amati PIN. Aliyense amatenga foni yake, amapita pa kahoot.it, amalemba nambalayo ndi dzina limene akufuna kudziwika nalo, basi walowa. Wosewera safunika kutsegula akaunti, safunikanso kuika app pafoni. Apa ndi poyamba pomwe ndimaiyamikira, chifukwa mafoni a achinyamata athu amakhala odzaza kale ndi zithunzi ndi nyimbo, moti mukangoti aike app, theka la gulu latsalira pomwepo. Funso limaoneka pakhoma, kenako mayankho anayi, lililonse ndi mtundu wake ndi chizindikiro chake. Kumtunda kumanzere kuli lofiira la makona atatu, kumtunda kumanja labuluu la dayamondi, kumunsi kumanzere lachikasu lozungulira, kumunsi kumanja lobiriwira la makona anayi. Pafoni panu pamabwera mabatani anayi omwewo, m'malo omwewo, ndipo mumadina limodzi nthawi isanathe. Mukadina mwadina, kusintha kulibe.

Masewerawa anachokera ku Norway. Anayamba ngati kafukufuku pa yunivesite ya NTNU mumzinda wa Trondheim, kumene Pulofesa Alf Inge Wang ndi wophunzira wake Morten Versvik ankafuna njira yodzutsira ophunzira m'chipinda chachikulu chophunziriramo. Versvik anagwirizana ndi Johan Brand ndi Jamie Brooker, ndipo mu 2013 Kahoot! inatsegulidwa kwa aliyense. Chiyambi chimenechi chimaonekera m'kapangidwe kake. Anaipangira chipinda chimodzi, sikirini imodzi yaikulu, ndi intaneti yofanana kwa onse. Kwathu kuno zinthu zitatuzi sizikumana pamodzi kawirikawiri, ndiye woyendetsa ayenera kudziwa pamene angawongole. Ndifikapo.

Tiyambe ndi mapointi, poti nkhani yonse yagona pamenepo. Funso wamba lili ndi mapointi 1,000. Mukalondola mayankho akangooneka, mkati mwa theka la sekondi, mumatenga onse. Mukachedwa amayamba kutsika pang'onopang'ono, koma satsika mpaka kutheratu, amathera pa theka. Munthu wolondola pa sekondi yomaliza yeniyeni amapezabe pafupifupi 500. Wolakwa amapeza 0 ngakhale atadina mwachangu chotani, kungoti salandidwa zimene anapeza kale.

Funso latsopano mukamalikonza limabwera ndi masekondi 20, ndipo oyendetsa ambiri sasintha. Gawani 500 ndi 20, muona kuti sekondi iliyonse ikukudyerani mapointi 25 okha. Kudina pa masekondi 2 ndi 950, pa 6 ndi 850, pa 10 ndi 750. Tsono tiyerekeze kuti mafunso alipo 10. Wina ndi wa chala chothamanga, amadina pa masekondi 2 nthawi zonse, koma chifukwa cha phuma walakwa atatu. Mafunso 7 kuchulukitsa ndi 950 ndi 6,650. Mnzake amawerenga mofatsa, amadina pa masekondi 8, kutanthauza 800 pa funso, ndipo walakwa limodzi lokha. Mafunso 9 kuchulukitsa ndi 800 ndi 7,200. Ngakhale akanamachedwa mpaka masekondi 10, akanapeza 6,750, n'kumuposabe wothamanga uja. Wothamangayo amapindula mapointi 150 pa funso lililonse, koma akangolakwa limodzi wataya 950, ndiye kuti phindu la mafunso 6 lapita pa kudina kumodzi.

Zimenezi ndimaziona ndi maso m'holo ya kumpingo. Pali funso lina limene ndimakonda kuliika pakati: dziko la Malawi linakhala ripabuliki m'chaka chanji? Mayankho ndimaika 1964, 1966, 1971 ndi 1975. Mayankho akangotulukira pakhoma, nambala ya oyankha imakwera mwamsanga, anyamata a pabenchi lakutsogolo aika kale mafoni pamwendo, akuyang'anana ndi kumwetulira. Nthawi ikatha pakhoma pamabwera mizati yosonyeza kuchuluka kwa anthu pa yankho lililonse, ndipo wa 1964 umakhala wautali kuposa yonse. Holo yonse imangoti "aaa!" Chaka cha 1964 ndi cha ufulu wodzilamulira. Ripabuliki inabwera mu 1966, pa 6 July pomwepo, n'chifukwa chake anthu amasokoneza. Zaka zinazo si zongoikapo ayi: 1971 ndi pamene kwacha inayamba kugwira ntchito, 1975 ndi pamene likulu linachoka ku Zomba kupita ku Lilongwe. Anyamatawo zonsezi amazidziwa, mukawafunsa panja amayankha bwinobwino. Chimawagwetsa n'chakuti diso laona "Malawi" ndi "chaka chanji", chala chapita chokha.

Pagulu lomwelo pali mtsikana wina wa Fomu 2 amene amakhala chakumbuyo, pafupi ndi zenera. Akamawerenga milomo yake imagwedezeka, ndipo foni amaigwira ndi manja awiri pafupi ndi chibwano. Amadina anzake atadina kalekale. M'mafunso oyambirira dzina lake silioneka n'komwe pa asanu otsogola. Koma salakwa kawirikawiri, ndipo chakumapeto mumangoona dzina lake lalowa pa nambala 4, kenako pa 2. Tsiku lina mnzake anamufunsa chinsinsi chake, iye anangoti, "Ndimawerenga mpaka kumapeto." Palibe malangizo ena amene ndingakupatseni oposa amenewa, makamaka pa mafunso okhala ndi mawu ngati "sanali", "osati" kapena "kupatula". Ndikafunsa kuti ndani mwa awa sanali mmodzi wa atumwi 12, n'kuika Mateyu, Filipo, Luka ndi Tomasi, ambiri amadina Mateyu chifukwa ndi dzina loyamba limene alizindikira. Yankho ndi Luka.

Akuluakulu anati kuthamanga si kufika, koma musandimve ngati ndikuti liwiro lilibe ntchito. Pamwamba penipeni, pakati pa anthu atatu kapena anayi amene onse akulondola, chimawasiyanitsa ndi masekondi. Kungoti liwiro lothandiza silichokera m'chala. Limachokera m'kukonzeka mayankho asanaoneke. Funso limayamba kuoneka lokha kwa masekondi angapo, ndipo wotchi siyamba kuwerenga mpaka mabatani atabwera. Nthawi imeneyo ndi yaulere. Ambiri amaitaya pocheza ndi woyandikana naye kapena kuyang'ana mapointi a funso lapitalo. Inu werengani funso lonse, muyankhe mumtima. Mukatero, mayankho akabwera simukuwerenganso anayi onse n'kumayesa limodzilimodzi, mukungofunafuna mawu amene muli nawo kale m'mutu. Kusiyana kwake kumafika masekondi atatu kapena anayi, popanda kuika chilichonse pachiswe.

China ndi kagwiridwe ka foni. Mukaiika pamwendo, maso amachoka pakhoma, kutsika pansi, kufunafuna mtundu, mwina n'kubwereranso kukhoma kukatsimikiza. Inyamuleni ifike pafupi ndi mzere umene maso anu akuyang'ana, zala zamanthu zonse ziwiri zili pamwamba pa galasi, chakumanzere chikudikira lofiira ndi lachikasu, chakumanja labuluu ndi lobiriwira. Popeza malo a mabatani sasintha, mukasewera kangapo simufunikanso kuganiza za mtundu, mumangodziwa kuti yankho lili kumunsi kumanja. Pa mafunso a zoona kapena zabodza mabatani amakhala awiri, labuluu ndi la zoona, lofiira ndi la zabodza. Ndipo khalani pamalo oti mukuona khoma bwino. Pulojekita masana imafooka ndi kuwala, ndipo munthu wokhala pambali amataya nthawi pongoyesa kuzindikira zilembo.

Nanga funso likakhala loti simukulidziwa? Apa pali kusadziwa kwa mitundu iwiri, ndipo wosewera wabwino amakusiyanitsa mwamsanga. Kwina ndi kwa yankho limene mukulidziwa koma lakuthawani pang'ono, kapena lofunika kuwerengera, monga kuphatikiza mabuku 39 a Chipangano Chakale ndi 27 a Chatsopano. Pamenepo dekhani. Mwachitsanzo mwatsala ndi mayankho awiri pa masekondi 3. Mukalota pomwepo, mapointi ndi 925 koma mwayi ndi theka, ndiye kuti mukamachita zimenezi kawirikawiri mukupeza pafupifupi 460 pa funso. Mukaganiza masekondi ena asanu n'kutsimikiza, mwatenga 800. Kusadziwa kwina ndi kwa chinthu chimene simunachimvepo chibadwire, choti ngakhale atakupatsani ola lathunthu simungachitulukire. Pamenepo kudikira n'kungotaya. Chotsani limene likuoneka lopanda nzeru, mudine mwamsanga pa otsalawo, kuti mwayi ukakugwerani ukugwereni ndi mapointi ochuluka. Chimene simuyenera kuchita n'kusiya funso osayankha. Chilango cha kulakwa palibe, ndipo ngakhale kulota kwa maso otseka kumalondola kamodzi pa kanayi. Komabe nthawi zonse ndimaona awiri kapena atatu atangogwira foni mpaka wotchi itatha, poopa manyazi. Manyazi ake ati? Pakhoma sipaoneka dzina la wolakwa, pamangooneka chiwerengero.

Polota, kumbukirani kuti mafunso analemba ndi munthu, ndipo nthawi zambiri analemba usiku atatopa. Yankho lolondola amalilemba mosamala, motero limakonda kukhala lalitali ndi lomveka bwino kuposa enawo. Mukaona mayankho awiri ofanana kwambiri, ongosiyana liwu limodzi kapena nambala imodzi, kawirikawiri lolondola lili pakati pa awiriwo, chifukwa wolemba anayamba ndi loona n'kulipotoza pang'ono kuti apange msampha. Pa mafunso a zaka ndi ziwerengero, olemba ambiri amaika china pansi, china pamwamba, loona n'kukhala pakati. Izi si malamulo, ndi zizolowezi za anthu chabe, ndipo wolemba wochenjera amazipewa. Muzigwiritse ntchito pokhapokha mutu ukakhala kuti ulibe chilichonse.

Yang'ananinso wotchi ya funso lililonse, chifukwa woyendetsa akhoza kuika masekondi 5, 10, 20, 30, 60, mpaka mphindi zinayi. Pa funso la masekondi 10, sekondi imodzi ndi mapointi 50. Pa la masekondi 5 ndi 100, ndipo pamenepo kufulumira kwayambadi kulamula. Pa la masekondi 60 sekondi ikungodya mapointi pafupifupi 8, moti kuthamangira funso lotere n'kudzilakwira. Mafunso ena amawaika mapointi owirikiza, 2,000, ndipo masewerawa amakuchenjezani funso lisanabwere. Anthu akaona zimenezo mtima umakwera, amadina mothamanga kuposa kale, pomwe ndi pamene kulakwa kukupwetekani kawiri.

Likatha funso lililonse pakhoma pamabwera mayina asanu otsogola, ndipo foni yanu imakuuzani malo anu ndi mapointi amene wakutsogolo wakusiyani nawo. Ichi ndi chimene chimatenthetsa masewerawa, koma ndi chimenenso chimagwetsa anthu. Munthu akaona kuti watsala ndi 60 kuti amupeze mnzake, amayamba kuthamangitsa 60 ameneyo n'kutaya 900. Ine ndimaziyang'ana mozama pa funso lomaliza lokha. Ngati mukutsogola ndi mapointi oposa 500 ndipo funsolo ndi wamba, palibe amene angakupezeni malinga mulondole, chifukwa inu simungatsike pansi pa 500 ndipo iye sangapose 1,000. Tengani nthawi yonse imene mukufuna. Likakhala lowirikiza, mpata wake uyenera kuposa 1,000. Mukakhala kumbuyo ndi 100 pa funso la masekondi 20, muyenera kumuyambira ndi masekondi oposa anayi, kapena iye alakwe. Pokhapo ndi pamene kuthamanga mwadala kuli ndi nzeru, makamaka ngati malo achiwiri simukuwafuna.

Tsopano za netiweki, zomwe kwa ife ndi nkhani yaikulu. Wosewera sadya bandulo yambiri, poti pafoni pamangodutsa mabatani ndi manambala. Chofunika si kuchuluka kwa intaneti koma kukhazikika kwake. Musanalowe tsekani zonse zimene zikutsitsa zinthu mseri, imitsani kaye mavidiyo a m'magulu a WhatsApp amene amalowa okha, ndipo musachoke pa tsamba la masewera kuti mukayankhe uthenga. Foni ikalira pakati pa funso imatha kudula intaneti. Batire likhale lokwanira, chifukwa foni ikayamba kusunga moto imachita ulesi. M'holo mwathu ndinaona kuti anthu a kampani ina ya mafoni mabatani ankawafikira mochedwa akakhala mbali ya kukhoma lakumbuyo, ndipo atasamukira kufupi ndi khomo zinasintha. Yesani malo masewera asanayambe. Ndipo anthu khumi akamakoka pa hotspot ya foni imodzi, onse khumi akuchedwa limodzi.

Apa ndi pamene ndimaona kuti kapangidwe ka masewerawa kali ndi chilema, ndipo oyendetsa ndi amene angachichepetse. Kupereka mapointi pa liwiro kumaganiza kuti onse anayambira pa mzere umodzi. Koma mwana wa foni yakale ndi netiweki yofooka amayamba sekondi imodzi kapena ziwiri anzake atapita. Amene Chingerezi amachiwerenga pang'onopang'ono amachedwa ngakhale yankho akulidziwa. Amayi ndi abambo achikulire, amene maso ayamba kuvuta, amatsalira pa chifukwa chosakhudzana ndi nzeru. Woyendetsa akaika masekondi 10 pofuna kuti holo itenthe, kuchedwa kwa masekondi awiri kwasanduka mapointi 100 pa funso lililonse, ndipo m'mafunso 15 munthu wataya 1,500 popanda kulakwa ngakhale limodzi. Zimandiwawa kuona mwana wodziwa Baibulo lake akutuluka ali khuma chifukwa cha foni. Mukaika masekondi 30, kuchedwa komweko kumangodya mapointi pafupifupi 33, ndipo pa 60 ndi pafupifupi 17. Masewera sazizira chifukwa cha zimenezi, popeza onse akayankha funso limatsekeka lokha osadikira wotchi. Choncho kutalikitsa nthawi sikukuchedwetsani, kumangopangitsa mpikisano kukhala wa chilungamo. Ndikanakonda eni ake akanamafotokoza zimenezi moonekera pamalo pomwe munthu amasankhira nthawi.

Pali zina ziwiri zoti woyendetsa atsegule. Choyamba ndi choti mafunso ndi mayankho azionekanso pa mafoni a osewera, osati pakhoma pokha. Chimathandiza okhala kumbuyo, ndipo mukamasewera ndi abale akutali kudzera pa Zoom n'chosachita kufunsa. Pa Khirisimasi tinasewera ndi achimwene a ku Johannesburg ndi alamu a ku Leeds, ndipo chithunzi chogawidwa pa Zoom chinkafika nthawi zosiyana kwa aliyense, pomwe wotchi ya masewera inali imodzi. Mafunso atayamba kuoneka pa mafoni, madandaulo anatha. Chachiwiri ndi chosakaniza malo a mayankho, kuti ochenjera asazindikire kuti inu mumakonda kubisa loona pa batani lobiriwira.

Kumene mafoni ndi ochepa, sewerani m'magulu, foni imodzi pa gulu. Masewerawa ali ndi njira imeneyi, ndipo amapereka kanthawi kochepa koti gulu likambirane mabatani asanatseguke. Kwa ine iyi ndi njira yabwino kuposa zonse pa achinyamata, chifukwa wopanda foni sakhala woonerera. Gulu lopambana limakhala lomwe lagwirizana kale kuti wodina ndi mmodzi, ndipo amadina akamva liwu la amene akudziwa nkhaniyo, osati la wofuula kwambiri. Magulu amene manja atatu amalimbirana foni amathera pansi.

Mafunso mukhoza kuwalemba m'Chichewa popanda vuto, ngakhale mawu a pa mabatani a pulogalamuyo alibe Chichewa. Ndimalimbikitsa kwambiri kutero, chifukwa ana amene pa Chingerezi amakhala chete, pa Chichewa amatsogola. Chovuta ndi malire a zilembo: funso silipitirira zilembo 120, yankho 75. Mawu athu ndi aatali, "sanawabatize" yekha wadya kale zilembo 12, ndiye muyenera kudula mpaka patsale fupa la funso. Poyamba zimakwiyitsa, koma funso lalifupi ndi lomwe limawerengeka bwino pakhoma.

Mu laibulale ya Kahoot! muli mafunso osawerengeka olembedwa ndi anthu ena, oti mukhoza kungotenga. Samalani nawo. Analemba ndi anthu wamba, ena ndi ana a sukulu, ndipo zolakwa zimapezekamo. Ambiri ndi a Chingerezi ndipo amakamba za kwawo, mapulezidenti a ku America ndi mitsinje ya ku Ulaya. Mukatenga, werengani funso lililonse ndi yankho lake musanaimirire pamaso pa anthu. Ine ndimakonda kulemba anga, za John Chilembwe ndi 1915, za riferendamu ya 1993, za nsonga ya Sapitwa pa phiri la Mulanje. Zimatenga madzulo amodzi, ndipo mafunso amenewo amakhala anu mpaka kale.

Za chinyengo sinditaya nazo nthawi yambiri. Wofufuza yankho pa Google mkati mwa masekondi 20 amafika mochedwa, ndipo nthawi zambiri amadzidula yekha pamasewera. Mayina achipongwe woyendetsa akhoza kuwachotsa pongodina pa dzinalo, kapena kutsegula njira yoti masewera azipereka okha mayina. Onse akalowa, khomani masewera kuti nambala ikatuluka kunja asalowe alendo.

Chinthu chimene oyendetsa ambiri sachitsegula, chonsecho n'chamtengo wapatali, ndi lipoti limene limasungidwa masewera akatha. Limaonetsa funso limene lavuta anthu ambiri, yankho lolakwa limene linawakoka, ndi amene akufunika thandizo. Mphunzitsi wokonzekeretsa ana mayeso a JCE kapena MSCE apeza zambiri mmenemo kuposa pa mayina atatu opambana. Mtsikana wa nambala 9 amene walondola 13 pa 15 akudziwa zambiri kuposa mnyamata wa nambala 5 amene walondola 11 mothamanga, ndipo zimenezi pakhoma sizioneka, zimaoneka mu lipoti.

Tisayembekezere kwa Kahoot! zimene singathe. Imayesa kukumbukira ndi kuzindikira msanga. Singakuuzeni ngati mwana angathe kufotokoza chifukwa chimene Chilembwe anaukira atsamunda, kapena kulemba ndime yomveka. Ndi yabwino pobwereza zimene mwaphunzitsa kale, kapena potsegula mutu watsopano kuti muone pomwe anthu ali. Phokoso lake limafunanso malo oyenera, si la kalasi yogundizana ndi ina imene ikulemba mayeso. Kwa gulu limene silingakumane nthawi imodzi, kapena lopanda sikirini yaikulu, pali njira yotumiza mafunso kuti aliyense asewere pa nthawi yake tsiku loikidwa lisanadutse, ndipo mmenemo wotchi mukhoza kuizimitsiratu. Quizizz, imene inayambira ku India mu 2015 ndipo pano ikutchedwa Wayground, inamangidwa pa maganizo oterowo, oti aliyense aziona mafunso pafoni yake n'kumayenda pa liwiro lake. Pa netiweki yovuta imeneyo imapepukirapo. Koma chisangalalo cha holo yonse kufuula limodzi yankho likaululika, pamenepo Kahoot! sinapezebe mnzake kwa ine.

Pa nkhani ya ndalama, wosewera salipira kanthu. Woyendetsa akhoza kuyamba ndi akaunti yaulere, imene imalola mafunso a mayankho anayi ndi a zoona kapena zabodza. Mitundu ina, monga yolemba yankho ndi zilembo kapena yosanja zinthu m'ndondomeko yake, ili ku mbali yolipira. Chiwerengero cha anthu ololedwa kulowa chimasiyana malinga ndi mtundu wa akaunti, ya aphunzitsi, ya kuntchito kapena ya pakhomo, ndipo malire amenewa eni ake amawasintha nthawi ndi nthawi. Onani malire a akaunti yanu tsiku lisanafike, kuti musadzazindikire anthu atakhala kale pa mabenchi, ndipo gulu likaposa, agaweni m'magulu a foni imodzi. Kulipira kumafuna khadi la kubanki lotha kugula kunja, ndipo ndi mmene ndalama zakunja zikusowera, kwa mpingo kapena sukulu ya boma sindikuona chifukwa chothamangira kumeneko. Kampani imene imaphunzitsa antchito ambiri mwezi ndi mwezi ingapindule nazo zolipirazo, makamaka mafunso olemba yankho, chifukwa pa amenewo munthu sangalote.